Foda ya Ajuzi

Watsopano, amene anali atangoyamba kumene ntchito, anatuluka mu ofesi maminibasi atasiya kale kuyenda. Pulogalamu ya kampani inkadya memore ya seva, kompyuta yaikulu ya pakampanipo, mpaka sevayo kuzima, ndipo abwana anali atanena mosapita m'mbali kuti ikapanda kukonzeka pofika m'mawa, asadzavutike n'kubweranso. Koma chida chofufuzira komwe memore ikuthera chinkakana kuyamba. Chinkangolemba kuti laibulale ina sikupezeka, kafayilo kamene mapulogalamu angapo amabwerekana. Anaikamo ina ya pa intaneti, osatheka. Anazimitsa n'kuyatsanso, zomwezo.

Anauyamba wapansi. Mumsewu munali zii. Atapitirira manda, anapeza bambo wina atatsamira chitsulo cha mlatho, atavala juzi yokhuthala chonsecho kunkatentha.

"Mwaswera bwanji, achimwene?" anatero bamboyo. "Lero mwandisesera m'nyumba."

Watsopano anafulumiza. Mapazi anamveka pambuyo pake. Kamphepo kozizira, konga ka m'chipinda cha seva, kanamukhudza pakhosi.

"Laibulale ija ndinaipanga ndekha," mawuwo anapitiriza. "Ya pa intaneti sigwirizana ndi seva yokalamba ija. Chidacho chimakaifuna mufoda yanga."

Watsopano anaima. Masana, pofuna kupeza malo museva, anali atafufuta mafoda a anthu amene sagwiranso ntchito pakampanipo. Sanauze aliyense.

"Fodayo ili mubini ya pakompyuta. Kukacha, bini imadzikhuthula yokha. Kaibwezeni pomwe inali. Musaisamutse."

Anacheuka...

Chitsulo chokha. Madzi pansi. Munthu palibe!

Miyendo inkafuna kunyumba. Koma kunyumba kunalibe seva. Anabwerera, nadutsanso pamanda paja maso ali pansi.

Mlonda wokalamba wa pakampanipo anamutsegulira akuyasamula. "Bwanji, kunyumba akutsekerani?"

Watsopano anakhala pakompyuta, nabweza fodayo. Chida chinayamba. Posakhalitsa chinaloza mzere wa m'pulogalamu umene unkatenga memore osabweza. Anaukonza.

Mlonda analowa ndi tochi yake kudzasuzumira.

"Achikulire," anafunsa Watsopano motsitsa mawu, "bambo wovala juzi uja anasiyiranji ntchito?"

"Ajuzi? Sanasiye. Galimoto inawagunda pamlatho paja, akuchokera kuno usiku ngati uno. Papita zaka, inu musanamalize n'komwe sukulu." Anamuunika kumaso. "Mwawadziwira kuti?"

Watsopano anatembenukira kukompyuta. Anatsegulanso bini. Munali mutatsala mafoda ena, a anthu amene sanawaonepo.

Anawabweza onse.