Zishango za Mzungu wa ku Chiringa

Choyamba kutembenuka chinali chishango cha dzanja lofiira. A Makina, mlonda wa nyumbayo, anachipeza m'mawa chitayang'ana kukhoma, chikhalirecho chitseko chinali chokhoma bwinobwino.

Nyumbayo, yolandiriramo alendo, inali ya mzungu wa esiteti ya fodya kufupi ndi Chiringa, wochokera ku Ayalandi. Mu 1951 anapachikamo zishango zamatabwa makumi awiri, chilichonse chojambulidwa chizindikiro cha mfunda wina wa kwawo: china mkango, china nguluwe. Azungu anzake ankabwera kudzaona, koma munthu wakuda, iyayi, yake inali yopukuta fumbi basi.

Tsiku lachiwiri zinatembenuka zitatu. Anthu ankanong'onezana kuti usiku mumamveka kukwekwereza, ngati wina akukoka mtondo.

"Zikatembenukanso, uchoke pamalo panga, iwe ndi ana ako," anatero mzunguyo kwa a Makina.

Achoke apite kuti? Mantha anawagwira a Makina, komabe usiku wachitatu anadzitsekera mkatimo. Mdima unali wa ndiweyani. Mleme unalira kudenga, kenako kunangoti zii. Patapita nthawi zenera linati kwee, pang'onopang'ono, ndipo anamva mapazi opanda nsapato akutera pansi.

Anayatsa nyali. Anali a Rozaria, mayi wamasiye wa kutsidya kwa dambo, manja ali pachishango.

"Amayi, mundiphetsa!" ananong'ona a Makina.

"Kaneneni, sindithawa. Matabwa awa mukudziwa kumene anachokera? Ndi mbawa ya kumanda kwathu, imene inkawapatsa mthunzi amayi anga. Amayi anunso anagona komweko. Makolo a mzunguyu akongole pamtengo wa makolo athu? Asa!"

A Makina anamukwiyira mzunguyo mumtima. Atakweza nyali, anaona kuti zishango zonse za pafupi ndi denga zinali zitatembenuka kale.

"Nanga izo munazifikira bwanji?"

"Izo si ine," anatero a Rozaria, akuyang'ana kudengako.

Pomwe kunkacha, awiriwo anali atatuta zonse n'kukaziika kumanda. Mzungu anatulukira atafiira ngati tsabola.

"Zili kuti?"

"Zapita kwawo, bwana," anatero a Makina. "Ndazinyamula ndine. Ngati mukuzifuna, kazitengeni nokha, njira ndi iyo."

Mzunguyo anayenda mpaka m'mphepete mwa msitu wa manda. Anaima pamenepo nthawi yaitali, mutu utapendekeka, akumvetsera chinthu chimene ena sanachimve, kenako anabwerera osayang'ana munthu. Za kusamutsa a Makina sanazitchulenso. Nyumbayo anaisandutsa yosungiramo fodya, ndipo iye mwini sanapondemonso.