Mkwati ndi Mbuzi pa Khoma la Holo

Nelesi, mwana wa mlongo wanga, anakumana ndi Sanford podikirira basi ya ku Kasisi. Anali masiku a chipani chimodzi, ndipo khadi la chipani linkasuzumira m'thumba la shati ya mnyamatayo.

"Mwanyamula njoka m'saka, ba sisi?" anafunsa Sanford.

"Ni mafilimu otaya. Nimatola kuseri kwa studio ku Lusaka."

Mwana ameneyu, inu! Kutekisi amene anzake ankapaka zala, iye ankamatira zidutswa za filimu: sitima apa, nkhuku apa, mzungu akugwa panjinga apo. Lamlungu ikatha Misa, Brother Aloysius ankamubwereka makina oonetsera kanema, natchinga mawindo a holo ya tchalitchi ndi masaka.

Sanford sanachedwe.

"Ndiwe shuga wanga, Nele."

Shuga masiku amenewo tinkamuimira pamzere, ndiye mwanayo akanatani?

"Sininakondepo mkazi wina. Tikakolola nituma ankhoswe."

Chimanga chitayamba kuuma, Nelesi anakweza kachidutswa kena kudzuwa, monga ankachitira nthawi zonse. Ukwati wa eni ake. Keke. Mkwatibwi. Nanga mkwati? Makutu aja ngati zivundikiro za mapoto ndi a ndani, kupatula Sanford?

Analira mpaka chitenje changa chinanyowa.

"Tentha filimuyo, mwanangu," ndinatero.

"Ayi, ba anti. Nipaseni sizasi."

Sanford atamva kuti filimuyo ionetsedwa, anabwera akupuma ngati ng'ombe yapangolo.

"Shuga, zija ni zakale! Ukaonetsa, nikauza ba chairman ba chipani. Kanema wako atseka!"

"Akatseke mawa. Lero ni Sande."

Holo inadzaza. Pakhoma panaoneka Sanford akudyetsa mkwatibwi keke. Kenaka mbuzi ikutafuna kabudula pachingwe. Sanford akupsompsona. Mbuzi. Sanford akumwetulira. Mbuzi ikuthawa, mayi wina akuithamangitsa ndi tsache!

Anthu anagwa m'mabenchi. Ine dzino langa limodzi lija linatsala pang'ono kuchoka.

"Zimani! Chairman, auzeni azime!" anakuwa Sanford, ataima kutsogolo kwa khoma.

A chairman anapukuta misozi. "Bwezanso ya mbuzi ija, mwana."

Nelesi sanaseke. Anatembenuka n'kumuyang'ana Sanford m'maso.

"Ba Sanford, khalani pansi. Mukutchinga akazi anu."