Mateyu Wogula Misozi

Mateyu Nyirongo analibe ng'ombe, ngakhale nkhuku yoti n'kuphera mlendo. Anali ndi mkazi, Eneless, mwana mmodzi, Cecilia, ndi mtima wokonda masewero. Pa sewero la Khirisimasi ku Embangweni ankamuika kumbuyo, m'busa wosayankhula. Herode ankakhala Bennet, wobwera ndi jekete kuchokera ku Joni. Azungu ojambula kanema atafika pa Boma la Mzimba anatenga Bennet yemweyo. Koma Mateyu azunguwo anamubweza, ati nkhope yake ndi youma ngati chikopa.

Zinamuwawa chomene. Anayenda wapansi mpaka kuseri kwa Manyamula, kwa mayi wina sing'anga.

"Mukufuna chiyani, adada?" anafunsa mayiyo.

"Ng'ombe. Azungu aja azifuna ine, osati Bennet."

"Azungu amagula misozi. Muli nayo?"

"Ndilibe."

"Ndikupatsani. Koma misozi si madzi a pachitsime. Chimene mudzalire pasewero chidzafika pakhomo panu. Chikafika, musadzandipemphe misozi ina."

"Sewero ndi sewero basi, amama."

"Yewo. Mbwenu yang'anani kumwamba."

Anamutema mphini pansi pa maso, n'kupakamo mankhwala akuda.

Azungu atabweranso, Mateyu anasewera munthu amene nkhokwe yake yapsa. Misozi inangoti chuchuchu, mzungu mpaka kuwomba m'manja. Pofika kwawo anapeza nkhokwe ili phulusa. Anamanga ziwiri. Kenako anasewera wolira mbale wake, ndipo uthenga unabwera woti mkulu wake wafera mumgodi ku Joni. Sanamve kanthu mumtima. Anagula ng'ombe, njinga ndi malata.

Kanema wachitatu anali wa bambo woika mwana wake m'manda. Tisamunamizire Mateyu kuti sankadziwa. Ankadziwa. Anayamba wakana, koma mzungu anangoti, "Chabwino, Bennet alipo." Basi, Mateyu anagwada pa manda abodza aja n'kulira.

Kanema wa masiku amenewo analibe mawu, choncho poonetsa pa Boma iye ankaima pambali pa chinsalu n'kumafuula yekha: "Dzuka mwana wanga, phala lapsa! Ndimwa ndi yani?" Mawuwo anatchuka mpaka ku malire a Kasungu. Amayi ankawanena podzutsa ana, amuna ankaseka nawo pamowa.

Mvula itayamba, Cecilia anatentha thupi. Sabata isanathe anamwalira.

Pamaliro Mateyu maso anali gwa, opanda msozi. Anthu anayamba kunong'onezana: bambo wanji wosalira mwana wake? Eneless anamukwawira pafupi.

"A Nyirongo, lirani. Ndapota, lirani mwana wanu."

Mateyu anafunafuna mumtima, osapezamo kanthu. Pamene ankatsitsa mtembo anatsegula pakamwa, poganiza kuti mwina china chituluka. Anagwada ndi bondo lakumanzere, dzanja pamutu, ndendende ngati pachinsalu paja.

"Dzuka mwana wanga, phala lapsa!"

Misozi inatsika bwinobwino, yambiri. Mkulu wina wokonda bibida, ataima kumbuyo, anamalizitsa mosazindikira: "Ndimwa ndi yani?" Wina anaseka, n'kudzigwira pakamwa. Nyimbo ya maliro inathera pomwepo.

Eneless anamuyang'ana mwamuna wake nthawi yaitali. Sanamutukwane. Manda atakwiriridwa anamanga kamtolo kake n'kubwerera kwa makolo ake.

Mateyu anapitanso kwa sing'anga uja. Mayiyo ankasenda chinangwa, ndipo sanadzutse n'komwe mutu.

"Paja ndinati musadzandipemphe ina, adada."

Ng'ombe zinatha, malata anachita dzimbiri. Mateyu anatsala woyendayenda pamsika wa Mzimba, kulirira aliyense womuponyera mtedza. Tsiku lina Bennet, atamumvera chisoni, anamufunsa ngati amapitako kukalambula manda a Cecilia.

"Cecilia?" anatero Mateyu. "Anali mu sewero liti ameneyo?"

Dyera ndi loipa, abale. Chuma cha mankhwala amalipira ndi a pakhomo pako, ndipo chimakulanda ngakhale misozi yoti uwalire nayo.