Juzi Imene Sinapite ku Moscow

Anakumana pa siteji ya basi ku Kabwata, mu Lusaka, chaka cha 1976, mvula ikugwa ngati yachita kutumidwa.

"Ba sisi, ambulela yanu ni yaikulu. Simungasungileko mwana wa mnzanu?" anatero mnyamata wina, madzi ali chuchuchu.

Muriel Sakala, mtsikana wotaipa makalata m'tauni, anaseka n'kumusendezera ambulera. Kuseka kumeneko ndiye kunamulowetsa m'mavuto. Mnyamatayo anali Fabian Chilufya, ndipo pakamwa pake panali shuga.

"Muri wanga, kaluwa ka mtima wanga, ngati si iwe nizafa mbeta yamwamuna!"

Chaka chisanathe, akwawo a Fabian anakaonekera kwa a Sakala. Kenako boma linamusankha kuti akaphunzire zojambula mafilimu ku Moscow. "Zaka zitatu chabe," analonjeza pabwalo la ndege. "Nikabwela, chikwati!"

Zitatuzo zinasanduka zisanu. Makalata okha ndiwo ankabwera. "Kuno kuzizila, dali, koma nikakuganiza nimva kutentha." Ndani sakanadikira?

M'makalatamo Fabian sankatha kutama a Arkadi Lutoshkin, katswiri wa mafilimu wa ku Russia amene ankagwira naye ntchito. Choncho Muriel atamva kuti mkuluyo wabwera ku Lusaka kudzaonetsa mafilimu ake, anagona pa singano zolukira. Masiku asanu ndi anayi, juzi yofiira inatha, yoti mkuluyo akamupatsire Fabian.

Loweruka masana holo ya ku Woodlands inadzaza. Filimu itatha, nkhalamba ya imvi, Lutoshkin uja, inaimirira, womasulira wake, Chibwe, ali pambali. Inafotokoza kuti nkhondo inaisiya yamasiye ili ndi zaka khumi, kuti inayamba ndi kusesa m'nyumba ya zisudzo, ndi kuti yasewera msilikali m'mafilimu makumi atatu.

"Akuti afamo kakhumi na kawili, koma akali moyo!" anamasulira Chibwe. Anthu anafa nacho chiseko.

Muriel anadikira mpaka mzere wa anthu opereka moni kwa mkuluyo unatha, phukusi lili pachifuwa.

"Auzeni kuti nili na katundu wa Fabian Chilufya."

Dzina lokhalo, nkhope ya nkhalamba inawala. "Fabian!" Inapisa m'thumba la jekete, n'kutulutsa chithunzi, mawu akungokhuthuka.

Chibwe anamasulira akumwetulira. "Akuti ndinu abululu bawo, abale eni-eni! Fabian ni mkamwini wawo, anakwatila mwana wawo Larisa zaka zitatu zapita. Aka ni kamzukulu kawo."

Muriel anayang'ana. Anali Fabian ndithu, atanenepa, dzanja lili paphewa la mkazi wachizungu, kamwana kali pamiyendo. Zaka zitatu! Nanga kalata ya mwezi watha ija, yoti "sunga mtima wanga bwino, dali," analemba ndi dzanja liti? Galu wa munthu!

Nkhalamba inafunsa kanthu. "Akuti ndinu mlongosi wake?"

"Auzeni kuti ndine mkazi amene anamutomela. Nayembekeza zaka zisanu."

Kumwetulira kwa Chibwe kunazima. "Ba sisi, nibauze zoona? Ni akulu aba."

"Auzeni! Nabo ali na mwana mkazi."

Chibwe anawauza. Mkuluyo anakhala pampando pang'onopang'ono. Kenako anagwira dzanja la Muriel ndi manja onse awiri, misozi ikutsikira m'ndevu. Apa panalibe kamera, ndipo Chibwe analibe choti amasulire.

Muriel sanalire m'holomo. Sanalirenso m'basi, ngakhale mtima unkamupweteka ngati aupondapo. Anatsika pa Kabwata, phukusi lili m'khwapa.

Amayi ake anali pakhomo, akuyanika zovala. Atamuona anataya zopanira, n'kuthamangira kugeti.

"Wabaona ba Russia? Akuti abwela liti apongozi banga?"

Muriel anatsegula pakamwa, koma chimene chinatuluka sanali mawu.