Yambirani Kumapeto

Ipyana anatseka shopu yake yokonzeramo makompyuta pa Karonga boma usiku kwambiri, akabaza onse ataweruka. Kwa masiku atatu anakhala akulimbana ndi hadi disiki ya mayi Tusekile a ku Kaporo. Inali ndi malo ambiri owonongeka, moti pulogalamu yokonzera inkati ikafika pakati, n'kuima. Mayiwo anali atamuchonderera kuti: "Muli zithunzi za malemu amuna anga. Zapapepala zinapita ndi madzi. Mwana wathu sadziwa nkhope ya bambo ake." Tsopano Ipyana anali atagonja. Mawa akawauza kuti zakanika.

Anauyamba wapansi, mtima uli wolemera. Atafika pamlatho, nkhululu zonse zinangoti zii. Kumbuyo kunamveka mapazi... tchapu, tchapu. Anaima. Nawonso anaima. Anacheuka.

Mwamuna wamtali, wachipsera pachibwano. Malaya ake akudontha madzi, chonsecho unali Okutobala, mtsinje utaphwa!

"Monire, adada," anatero munthuyo motsitsa mawu. "Disikiyo musaitaye. Yambirani kumapeto, muzibwerera m'mbuyo."

"Ndinu ndani?"

"Wadikira nthawi yaitali mwanayo..."

Ipyana anaphethira. Pamlatho panalibe munthu! Analiyatsa liwiro osacheukanso.

Kutacha, anasintha pulogalamu ija kuti iwerenge disikiyo kuchokera kumapeto, izilumpha malo okanika n'kudzawayesanso pambuyo pake. Inayenda. Pang'onopang'ono, ikulira ngati wodwala chifuwa, koma inayenda. Zithunzi khumi ndi zinayi zokha n'zimene zinapulumuka.

Zinkamaliza kukopedwa pamene mayi Tusekile ankalowa, atagwira dzanja la mwana wawo Sheila, wa zaka zisanu ndi ziwiri. Ipyana anatsegula chithunzi choyamba. Nkhope yomwe ija. Chipsera chomwe chija.

"Ndi a Kenan amenewa," anatero mayiwo, misozi ili chuchuchu. "Anakokoloka ndi madzi powoloka, akuthamangira kuchipatala tsiku limene ndinabereka mwanayu. Mtembo wawo sitinaupeze mpaka lero."

Sheila anasendera pafupi. Anayang'ana nthawi yaitali, kenaka anaika kachala kake pagalasi, pa tsaya la munthuyo.

"Amama," anafunsa, "iwowa anandionako ine?"

Amene anayankha ndi Ipyana.

"Amakudziwa, mwanawe. Amakudziwa bwino lomwe."