Botolo Lomwe Silinasweke

Otis Kerrigan atagwa, aliyense anaseka.

Kunali ku Edendale, mu 1916, dzuwa lili paliwombo. Ankajambula kanema wanthabwala, wa masiku aja zithunzi zisanayambe kuyankhula. Otis ankasewera ngati mnyamata wopusa wofunsira mbeta. Della Marsh, bwenzi lake lenileni, ankayenera kumuphwanyira botolo pamutu, kenako n'kumupsompsona. Mabotolo oterewa ankawaumba ndi shuga. Ili linali lagalasi, ndipo Della anamva kulemera kwake dzanja likutsika kale.

Wojambula anapitiriza kupukusa makina ake, poti lamulo linali lakuti munthu akagwa, osaima.

"Otis, dzuka iwe, zakwana," anatero Della, magazi ali m'manja.

Otis anamwalira asanafike kuchipatala. Ukwati wawo unali mwezi wotsatira.

Sajeni Dolan wa kupolisi sanafune kuvutika: womenya ndi Della, wopha ndi Della. Ena anati awiriwo anakangana dzulo lake. Kodi chilipo chibwenzi chosakangana? Della anagona m'chitokosi, mlandu wakupha uli pakhosi. Anapempha chinthu chimodzi chokha, choti aonere kanemayo.

Anamuonetsa m'kachipinda ka kampaniyo, unyolo uli m'manja. Wapolisi wina anaseka Otis akugwa, kenako n'kuzyolika. Della sankayang'ana Otis. Maso ake anali pa Lyle Brandt, wosewera ngati woperekera zakumwa, yemwe anamupatsa botololo. Lyle anamufunsirapo kale Della, n'kukanidwa.

"Tabwezani pamenepo, bwana," anatero Della. "Ntchito ya Lyle n'kutong'ola maso botolo likamasweka. Taonani. Watsinzina ndisanamenye."

Anabwezanso katatu. Katatu konse Lyle anatsinzina n'kutembenukira kumbali, botolo likadali m'mwamba.

Dolan anamupeza Lyle m'mawa mwake akudzipaka ufa kumaso, kukonzekera sewero lina. Botolo la shuga linali m'bokosi lake la zovala, lathunthu.

"Sindinafune kumupha," anatero Lyle. "Ndimangofuna agone kuchipatala, ukwati uyambe waima."

"Waimadi," anayankha Dolan, akumumanga.

Della anamasulidwa, Lyle n'kukaseweza zaka makumi awiri kundende. Koma chowawa kwambiri n'china. Eni kampani anati kugwa kokoma chotero sikungatayidwe, ndipo kanemayo anamutulutsa osadulapo kanthu.

Tsiku lina Della akudutsa pakhomo pa nyumba ya kanema, anamva khamu likuphulika ndi chiseko. Sanafunse kuti akuonera chiyani. Anadziwa pomwe afika: Otis wagwa.