Wopopera Mankhwala wa ku Al Markhiya

Lachiwiri pa 15 Seputembala 2020, cha m'ma teni koloko m'mawa, belu la pageti linalira pa nyumba ina ku Al Markhiya, m'dziko lina la Aluya. Tawina Mbeta, wantchito wa m'nyumbamo, anali yekha. Panja panaima munthu wovala zoyera thupi lonse, masiki kukamwa, thanki kumsana.

"Korona," anatero m'Chingerezi, akuonetsa kapepala kodinda. "Tikupopera mankhwala nyumba zonse. Musaope, sisita. Ingodikirani panja pang'ono."

Tawina anamvera. Koma ali chiimire padzuwapo, mawu aja anamukhala m'khutu. Anawamva kuti?

Madzulo madamu, mwini nyumbayo, anapeza bokosi la golide lili pululu.

"Wallah, ndiwe!" anakuwa. "Sabata yatha umafuna kusintha ntchito ndi lamulo latsopanoli lolola antchito kusiya mabwana awo. Lero golide wanga wapita!"

Kupolisi, Lefutenanti Jassim anamuonetsa zimene kamera ya pageti inajambula.

"Nkhope wabisa. Iwe wamutsegulira. Ukumudziwa?"

"Ayi, bwana."

Masiku awiri Tawina anakhala m'chitokosi. Akati atseke maso, ankaona maso a munthu uja pamwamba pa masiki, nsidze yakumanzere yodukizidwa ndi chipsera. Tsiku lachitatu akusamba kumaso, anangoima madzi ali m'manja. Anakumbukira.

Ali mwana ku Chilomoni, Loweruka lililonse ankadzazana pa wailesi yakanema ya aneba kuonera sewero la mwana wamasiye. Mwanayo dzina lake lenileni linali Nedson Phwitiko, wa zaka zisanu ndi zinayi. Akalira iye, amayi a m'chigawo chonse ankapukuta misozi ndi nsonga za zitenje. Chipseracho anachitenga akujambula, atagwa pa ngolo. Anakulira pamaso pa anthu. Anasewera m'mafilimu ngati kondakitala, kenako mphunzitsi, pomaliza dokotala. Atatero anangoti zii.

Tawina anagogoda chitseko cha chitokosi.

"Bwana, ndibwerekeni foni yanga."

Anapeza filimu ya dokotala ija. Jassim anawerama n'kuyang'ana. Pafoni, dokotala wovala masiki anapendeketsa mutu kumanja asanayankhule. Pa kamera ya pageti, wopopera uja anapendeketsanso chimodzimodzi.

"Ali kuno munthuyu?"

Tawina anakumbukira kwawo. Chithunzi cha Nedson chodula m'nyuzipepala chinali chikadali pakhoma kwa amayi ake.

"Pa gulu la pafoni la Amalawi ankati pa hotela ina ku Al Dafna pali gadi wakwathu wachipsera pansidze," anatero motsitsa mawu.

Loweruka, seveni koloko m'mawa, galimoto ya polisi inaima pa hotela ina yansanjika imene inali isakulandiranso alendo chifukwa cha mliri. Pakhomo panaima gadi wamtali, akulondera nyumba yopanda munthu. Jassim anatsika ndi Tawina.

"Vula masiki."

Gadiyo anavula pang'onopang'ono. Masaya anali atalowa, ndevu zitayamba imvi. Koma nsidze inali yomweyo.

"Ndi yemweyu," anatero Tawina.

M'kabati yake anapezamo chovala choyera chija, thanki, ndi golide atakulungidwa m'sokosi. Sanagulitseko ngakhale ndolo imodzi. Munalinso mapepala amene analembapo nyumba zina zinayi zimene analowamo osatenga kanthu.

"Bwanji zinazi sunabe?" anafunsa Jassim.

"Ndinkangofuna kuona ngati ndikuthabe kuchita sewero," anayankha Nedson. "Ankandikhulupirira onse. Yachisanuyi dzanja linangopita lokha."

Akumumanga unyolo anatembenukira kwa Tawina, n'kuyankhula Chichewa.

"Achemwali, kwanu n'kuti?"

"Ku Chilomoni."

"Munandidziwira chiyani?"

"Tinakula tikuonera inu, achimwene. Ine ndagona m'chitokosi chifukwa cha inu."

Nedson anagwetsa nkhope. Kenako anamwetulira, kumwetulira kumene Tawina sanakukonde m'pang'ono pomwe.

"Chaka ndi theka ndaima pakhomo pano. Amalawi amadutsa, kundipatsa moni ngati mtengo. Woyamba kundizindikira ndinu."

Khoti linamulamula kukhala m'ndende zaka zitatu, akatuluka abwezedwe kwawo. Madamu sanapepese. Mwezi wotsatira Tawina anasamukira ku hotela ina ku The Pearl, kukayala mabedi.

Amayi ake anaimba kufunsa ngati nkhani ya Nedson inali yoona, ndiponso kuti anamugwiritsa kupolisi ndani.

"Sindikudziwa, amayi," anatero Tawina. "Kuno anthu ndi ambiri."